Kaluwa ka ku UK kanadya malipiro a amalume

Munanizolowera pa peji ino na nkhani za oimba: ndani wasiyana na ndani, ndani anavala chobwereka ku kitchen party, ndani akulonjeza album kuyambira chaka chatha. Sabata ino munikhululukire, nabwera na dothi m'zala. Nifuna tikambe za kaluwa kang'ono koyera kamene azungu amati snowdrop. Ambiri a imwe simunakaonepo na maso, na ine n'chimodzimodzi. Koma kaluwa aka kanadya malipiro a amalume anga December yatha, ndipo kanatsala pang'ono kuwachotsetsa nchito.

Amalume akhala mu Ng'ombe kuyambira nisanabadwe. Monga azibambo ambiri a mu komboni yathu, zero five ikakwana ali kale pa msewu, wapansi, kupita ku mayadi. Ena amalowa mu Roma, ena Kalundu, ena Olympia. Nchito yawo ni ya m'dimba: kutchetcha kapinga, kudulira heji, kuthirira maluwa. Munthu wa imvi, wa adzukulu, koma kumeneko akali kumuitana kuti garden boy. Iyo ni nkhani ya tsiku lina.

September wa chaka chatha a madamu a pa yadi imene amalume amasewenza anabwera kuchoka ku UK na kapaketi ka tuanyezi touma, tumene a m'dimba amati ma bulb. Tunali tung'ono monga nsonga ya chala. Pa paketi panali chithunzi cha tumaluwa toyera toweramitsa mitu, tutatulukira pakati pa snow. A madamu anasonyeza malo pafupi na geti, pamene mlendo aliyense adzaona polowa. Pamtetete, dzuwa kuyambira m'mawa mpaka madzulo. Amalume anachita zimene wa m'dimba aliyense wa mu Lusaka angachite mu October. Anabyala, anathira manyowa a nkhuku, n'kumathirira na paipi kawiri pa tsiku. October inapita. Mvula inabwera mu November. Pakati pa December panalibe olo katsamba kamodzi. Pofukula anapeza phala lonunkha.

A madamu sanafune kumva zambiri. Ati kaya munagulitsa, kaya munaiwala kuthirira. Kumapeto kwa mwezi envulopu inabwera yopepuka, ndalama ya pafupifupi sabata yathunthu itadulidwa. Mu December mwandi, Khrisimasi ili pakhomo, January wa mayunifomu na nsapato za ana ali kumbuyo kwake.

Anabwera kwathu pa Sondo, anakhala pa kampando panja, n'kuika paketi yopanda kanthu pa bondo langa. "Iwe wa masukulu, funsa foni yako. Nalakwa chani? Zaka zonse izi sininaphepo duwa la munthu." Ine n'nati, "Amalume, nipatseniko masiku awiri." Masiku awiri anakhala sabata, na mabandulo anga anathera momwemo.

Zimene n'napeza ni izi. Amalume sanaiwale kuthirira, ndipo manziwo ndiye anafulumizitsa imfa. Koma olo akanathirira mwa mtundu wanji, tuanyezi utu tunali tutaluza kale pamene ndeke inatera pa Kenneth Kaunda International Airport.

Kwawo ni kozizira

Dzina la kaluwa aka m'mabuku a sayansi ni Galanthus. Likuchokera ku mawu awiri a Chigiriki, lina lotanthauza mkaka, lina duwa, ndipo anakapatsa dzinali ni Carl Linnaeus mu 1753. Kali na mitundu pafupifupi 20, yonse ya ku Europe, Turkey, mapiri a Caucasus mpaka ku Iran. Palibe mtundu olo umodzi wochokera kuno kwathu. Kodziwika kwambiri, Galanthus nivalis, sikapitirira masentimita 15 kutalika. Duwa lake lili na tumasamba tutatu tutali kunja, na tutatu tufupi mkati tokhala na kadontho kobiriwira.

Ku UK kamachita maluwa kuyambira January mpaka March, nthawi imene nthaka yazizira, mwina mpaka kuuma gwa na aisi. Ndiye chifukwa chake abale athu a kumeneko amatudzaza pa status miyezi imeneyo. Kamakonda pansi pa mitengo imene imagwetsa masamba onse m'nyengo yozizira. Mtengo ukakhala wopanda masamba, kaluwa kamalandira kuwala. Kutentha kukayamba, mtengo umaphuka n'kukaphimba na mthunzi. Pofika May kapena June masamba ake auma, kaanyezi kagona pansi m'dothi lozizirira, losanyowa kwambiri komanso losauma kotheratu. Cha mu September dothi likayambanso kuzizira kamatulutsa mizu. Kenako kafunika masabata ambiri a kuzizira kwa mu firiji kuti duwa lituluke. Popanda kuzizira uko palibe duwa.

Nkhani ya manzi ili pomwepo. Kamamwa pamene kali na masamba, ndipo ku UK mvula ndiye imagwira nchitoyo, anthu sayenda na keni tsiku na tsiku. Kakagona kafuna chabe chinyezi pang'ono. Ndiye pali vuto lina limene olemba pa paketi sakamba mokweza. Kaanyezi ka snowdrop kali na khungu lopyapyala, sikapirira kukhala kunja kwa dothi nthawi yaitali monga anyezi wa pa Soweto Market. N'chifukwa chake alimi a maluwa ku UK amakonda kugula tofukulidwa kumene, tukali na masamba, maluwa atangotha. Touma twa mu paketi, olo ku London kwenikweni, twambiri tumakana kumera.

Manje ikani zimenezo pa kalenda ya Lusaka. Tili pamwamba, mamita pafupifupi 1,280, ndiye timadziona ngati kuzizira tikudziwa. June na July m'mawa timanjenjemera pa stesheni, majuzi a pa salaula amakwera mtengo, usiku kumatsika kufika madigiri 8 kapena 10. Koma 12 hours ikakwana dzuwa latuluka, madigiri adutsa 20, juzi ili m'chiuno. Dothi silikhala lozizira nthawi yokwanira. Ndipo miyezi yozizirayo ndiyo youma, kuyambira May mpaka October mvula kulibe. October amadutsa madigiri 30. Mvula yathu, mamilimita pafupifupi 800 pa chaka, imagwa pafupifupi yonse pakati pa November na March, kukutentha. Mayi aliyense amene anasiyapo anyezi wonyowa mu pulasitiki pa dzuwa akudziwa zimene kutentha na manzi zimachita zikakumana.

Tuanyezi twa amalume tunachoka ku UK tukuyembekezera kuzizira. Tunapeza dzuwa la October pa geti, manyowa otentha a nkhuku, paipi kawiri pa tsiku, kenako mvula ya November pamwamba. Tunaphikidwa.

Kumaiko ena nanga?

Sikuti kaluwa aka kamakana dziko lililonse la kum'mwera. Ku New Zealand na ku Tasmania kamachita bwino, ndipo maluwa amatuluka mu July na August, chifukwa nyengo yawo yozizira ni yozizira zoona ndipo imabwera na mvula. Ku America, m'madera a kumpoto kamafalikira kokha, koma ku Florida kotentha kamakana. Pali mitundu ya ku Greece na Turkey imene imapirira dzuwa kuposa inzake, monga Galanthus elwesii wa masamba aakulu, na Galanthus reginae-olgae amene amachita maluwa kuzizira kusanafike penipeni. N'nayamba kusangalala n'tawerenga zimenezo, n'kumati mwina iyi ingatheke. Koma kumeneko kukatentha kumakhala kouma, ndipo mvula imabwera na kuzizira. Kwathu zinatembenuka. Mvula imatipeza tikutuluka thukuta, kuzizira kumatipeza tikupuma fumbi.

Amene munapitako ku Johannesburg mudzati, ah, koma ine n'nakaona m'mayadi a kumeneko. Zimene munaona nthawi zambiri ni m'bale wake, Leucojum aestivum, amene dzina lake lenileni ni snowflake, ngakhale anthu ambiri ku South Africa amangoti snowdrop. Kusiyanitsa n'kosavuta. Snowflake ni wamtali, amafika m'bondo, phesi limodzi limanyamula tumabelu tungapo, ndipo tumasamba twa duwa tonse 6 ni tofanana, kalikonse na kadontho kake kobiriwira kunsonga. Safuna kuzizira kwambiri monga mnzake. Ngati mtima wanu wakakamira pa duwa loyera lowerama, uyu ndiye mungayese. Amabyalidwa mu April kapena May, pa mthunzi, koma amamwa kwambiri, ndipo amamwa m'miyezi imene kumwamba sikugwa kanthu. Wa borehole ku mayadi sangamve. Wa ku komboni ayambe wawerenga zigubu.

Ndipo wina akakuonetsani chithunzi pa Facebook ati nigulitsa snowdrop, delivery mu town, muuzeni akutumizireni chithunzi cha duwalo lili pa yadi pake, iye ataimirira pambali.

Pa intaneti pali nzeru ina imene inaniseketsa. Ati ngati kwanu n'kotentha, ikani tuanyezi mu firiji kwa masabata 12 kapena kuposa, pa madigiri pafupifupi 5, kuti tuganize kuti tuli kwawo. Wolemba zimenezo sanakhalepo mu Lusaka mu 2024. Chaka chimenecho, pa 29 February, Pulezidenti Hakainde Hichilema analengeza kuti chilala ni tsoka la dziko lonse. Manzi ku Kariba anatsika. Malaiti anayamba kupita maola 8 pa tsiku mu March, ndipo pofika September m'malo ambiri anali kupita mpaka maola 21. Firiji inasanduka kabati yosungiramo mapoto. Kapenta na soya pieces ndiye vinatisunga. Ndiye munthu aikemo duwa miyezi itatu?

Olo malaiti atakhalapo, ine siningaike. Tuanyezi utu tuli na poizoni, tumasanzitsa na kutsegula m'mimba, ndipo tumaoneka ngati adyo kapena anyezi wamng'ono. Musaganize kuti ni ife chabe tingasokoneze. Mu 2015 bungwe la zaumoyo la Public Health England linalembera masitolo akuluakulu ku UK kuti asaike ma daffodil, omwe ni a banja limodzi na snowdrop, pafupi na ndiwo zamasamba, chifukwa anthu anali kugula n'kukaphika. Ganizirani nyumba ya zipinda ziwiri, mwana wa Grade 7 ndiye akuphika ndiwo na tochi ya pa foni, amayi sanabwere ku maliketi.

Poizoni yemweyo anapatsa dziko mankhwala. M'zaka za m'ma 1950 katswiri wa ku Bulgaria, Dimitar Paskov, anagwira nchito yochotsa m'kaluwa aka mankhwala otchedwa galantamine, amene lelo madokotala amapatsa odwala Alzheimer's, matenda oiwalaiwala a okalamba. Ayo ni mapilisi a kuchipatala, opimidwa. Wina asakwere basi ya ku Matero na botolo ati ni muzu wa snowdrop wochiritsa agogo.

Zimene zinawawa amalume kwambiri n'tawauza ni mitengo. Ku UK kuli anthu openga na kaluwa aka monga mmene ena apengera na bola. Mu 2015 kaanyezi kamodzi ka mtundu wotchedwa Golden Fleece kanagulidwa pa eBay pa mapaundi 1,390. Mu 2022 kena, Golden Tears, kanapita pa mapaundi 1,850, imene pa nthawiyo inali kuposa K40,000. Kamodzi! Amalume anagwira kukamwa. N'nawatsimikizira kuti twa mu paketi ya a madamu tunali twa wamba, twa mu shopu, totchipa.

Chikondi chimenechi chili na mbali yake yoipa. Anthu anafukula tuanyezi mamiliyoni m'mapiri a ku Turkey na Georgia kukagulitsa ku Europe, mpaka kaluwa aka kanalembedwa m'pangano la CITES loteteza zomera na nyama, ndipo manje sikadutsa malire a maiko popanda chilolezo. Tisawaseke. Chikanda chimene timagula pa stesheni chimachokera ku tumizu twa maluwa a m'dambo a mtundu wa orchid, ndipo tafukula mpaka ambiri manje amachokera ku Tanzania. Kuno kwathunso lamulo lilipo. Kulowetsa zomera kapena mbewu m'dziko kumafuna chilolezo cha Plant Quarantine and Phytosanitary Service, amene ali ku Mount Makulu ku Chilanga, kuti tisalowetse matenda a mbewu. Ngati a madamu anali nacho, ine sin'nafunse.

Abale ake tili nawo pakhomo

Apa ndiye nkhani inanikomera. Snowdrop ni wa banja la zomera lotchedwa Amaryllidaceae, ndipo banja limeneli lili na ana ambiri amene Lusaka ni kwawo kapena anaizolowera kalekale. Onse amagona na kudzuka monga snowdrop. Kusiyana kwake n'kwakuti uja amadzutsidwa na kuzizira, awa amadzutsidwa na mvula kapena kutentha.

Amene munakulira kumunzi mukukumbukira duwa lofiira lozungulira ngati bola, la tuminga tofewa, limene limatulukira pansi pa mitengo mvula yoyamba ikagwa, masamba asanabwere. Azungu amati fireball lily, m'mabuku ni Scadoxus multiflorus. Ni lathulathu, la mu Africa. Limakonda mthunzi, ndipo ku Europe anthu amaligula na ndalama n'kulisunga m'nyumba kuopa kuzizira. Kumadambo kuli Crinum, wa maluwa aakulu oyera a mizere ya pinki, ooneka ngati malipenga, anyezi wake wamkulu kuposa chibakera. Amaryllis, amene mumaona m'mabeseni akale pa makonde a agogo mu Matero na Kalingalinga, anachokera ku South America. Amatulutsa phesi lalitali na maluwa ofiira mu September na October, nthawi imene zonse zapserera, atakhala miyezi osamwa.

Koma wanga ni rain lily, Zephyranthes, nayenso wa ku America. Masamba ake ali ngati udzu, moti ambiri amamutchetcha osadziwa. Amakhala phee mwezi na mwezi. Mvula yamphamvu ikagwa, pakapita masiku atatu kapena anayi, mumadzuka n'kupeza tumaluwa twa pinki tatseguka tonse pamodzi, ngati tunapangana usiku. Tumakhala masiku ochepa, tumafota, mvula ina ikagwa tumabweranso. Palinso woyera, Zephyranthes candida, amene amachedwa, amachita maluwa chakumapeto kwa mvula ndipo amakonda chinyezi kuposa wa pinki. Pa msinkhu na mtundu ndiye wofanana kwambiri na chithunzi cha pa paketi ija, kungoti iye amayang'ana kumwamba, sawerama. Mufunseni kwa anyamata ogulitsa maluwa m'mapepala akuda m'mbali mwa misewu ya ku mayadi, kapena pemphani kwa neba amene ali naye. Amaberekana msanga, chitsa chimodzi chimagawika kambiri.

Chenjezo lija likhalebe. Onsewa ali na poizoni. Fireball lily makamaka si woseweretsa, ndipo flame lily, duwa la dziko la Zimbabwe limene limayanga m'tchire mu December na January, ngakhale ni la banja lina, muzu wake umapha munthu. Ngati pakhomo pali mwana wokwawa, chitini chikhale pamwamba.

Kuthirira pamene manzi ni ogula

Ku mayadi nkhani ya kuthirira ni kutsegula pompi. Kwathu ni kudzuka usiku, kuika chigubu cha malita 20 pa mzere ku kiosk, kulipira, kusenza. Malaiti akapita mapampu amaima, mzere umatalika, anyamata a mawilibala amakweza mtengo. Ndipo tonse tikukumbuka January wa 2024, pamene National Heroes Stadium inasanduka chipatala cha kolera ndipo masukulu anachedwa kutsegulidwa. Manzi abwino ni akumwa, ophikira na osamba m'manja. Duwa limene lifuna kupikisana na zimenezo lilibe malo pakhomo. Ubwino wa maluwa a anyezi ni wakuti safuna kupikisana. Kaanyezi ni nkhokwe, kamasunga chakudya na manzi ake, ndipo ambiri amene amafa m'manja mwa anthu amafa na manzi ochuluka.

Amalume ananiphunzitsa mmene amachitira, ndipo zinagwirizana na zimene n'nawerenga. Byalani m'chitini cha penti, m'ndowa yosweka kapena m'chigubu chodula pakati. Ambiri a ife tili pa renti, landilodi akakweza, duwa limakwera nafe pa kanta. Boolani pansi na msomali mabowo ambiri, osati awiri chabe. Dothi likhale losakaniza: dothi lakuda, mchenga wa kumtsinje, na manyowa akale amene anaola mpaka kuleka kununkha. A nkhuku atsopano amatentha mizu. Rain lily mumuike mosazama, nsonga ikhale pafupi na pamwamba. Amaryllis asiyidwe khosi lili kunja kwa dothi.

Musathirire chifukwa choti kwacha. Lowetsani chala m'dothi mpaka pa mfundo yachiwiri. Ngati mwamva chinyezi, pitani ku nchito. Ngati ni fumbi, thirani pang'onopang'ono mpaka manzi ayambe kudontha pansi, ndiye lekani. Pa chitini cha malita 5 makapu awiri kapena atatu amakwana, ndipo zimatenga masiku angapo musanathirenso. Thirani m'mawa, pa dothi, osati pa duwa. Nthawi ya mvula simuthirira n'komwe, nchito yanu ni kuona kuti manzi akutuluka.

Manzi ake asakhale ochokera m'chigubu chakumwa. Otsukira mpunga, otsukira rape na tomato, otsala m'ndowa mutatha kutsukuluza zovala komaliza, onsewo ni abwino. Koma a thovu la Boom, a Jik, a mchere kapena a mafuta a m'mapoto amaononga dothi, ndipo m'chitini alibe kothawira. Manzi a m'maborehole a Lusaka ali na laimu wambiri, ndiye amene amasiya zoyera mu ketulo. Mukaona zoyera zomwezo pamwamba pa dothi, palani, ndipo mvula ikabwera tulutsani chitini chitsukike. Manzi a mvula ochokera pa malata ndiye abwino kuposa onse, koma muwavundikire. Ndipo kambale kamene ena amaika pansi pa chitini, chotsani. Kamaoletsa mizu, kamaweta udzudzu.

A ku Kanyama, Chawama na George, kumene mwala uli pafupi ndipo mvula ikagwa manzi amaima masabata, musabyale pansi. Kwezani chitini pa mabuloko. Kuno ku Ng'ombe manzi amathamanga m'tunjira n'kukokolola dothi, ndiye chitini chisakhale pamene malata amagwetsera.

Cholakwa chimene ambiri timachita chimabwera maluwa akatha. Timaona masamba chabe, timati vauve, timadula. Masamba amenewo ndiye akuphikira kaanyezi chakudya cha chaka chamawa. Asiyeni mpaka achite chikasu n'kuuma okha. Akauma, duwa lagona, silinafe. Lekani kuthirira, kankhirani chitini pa mthunzi pansi pa denga. Kuyambira May mpaka October fireball lily safuna kanthu kwa imwe, rain lily wa pinki kakapu kamodzi mwa apo na apo kamukwanira. Miyezi imene manzi amavuta kwambiri mu komboni ndiyo imene iwo sapempha. Amaryllis mumayamba kumupatsa pang'ono mukaona nsonga ya phesi yasuzumira.

Zonsezi n'nalemba pa pepala m'Chizungu, mwaulemu, na madigiri na miyezi yake, kuti amalume akapereke. Ati a madamu anawerenga ataimirira pa khonde, anapinda pepala, n'kunena kuti ku UK maluwawo savuta. Ndalama sinabwezedwe. Amalume sanafune kuti nipite nayo patali, ati nchito ni yosowa ndipo ana akali pa sukulu. Ine zinaniwawa, ndipo zikali kuniwawa, kuti munthu amene wasunga yadi ya eni zaka zambiri angalipitsidwe chifukwa cha nyengo ya dziko.

Mu February a madamu anawauza kuti aike chilichonse pa geti paja, pasakhale dothi chabe. Kuseri kwa nyumba, pafupi na thanki, panali chitsa chakale cha rain lily chimene munthu aliyense anali kuchiona ngati udzu. Amalume anachifukula, anachigawa, anabyala mzere wonse. Tuanyezi 6 totsala anapempha, anabwera nato m'thumba la jekete n'kubyalira amayi m'chitini cha penti.

Pamene nikulemba, chitinicho chili pansi pa denga kwathu, dothi lili gwa, jakaranda za m'tauni zayamba kugwetsa maluwa ndipo kumwamba kwayamba kusonkhana mitambo masana. Sondo yatha amalume anafika, asanapereke na moni analowetsa chala m'chitini, anapeza chinyezi. Mng'ono wanga anali atathiramo manzi otsukira mbale, ati chinamumvetsa chifundo.

"Iwe mwana, usathire," anatero amalume, akupukuta chala pa buluku. "Chikali gone. Chidzadzuka chokha mvula ikabwera."